Duku la Nambewe

Ana inu, khalani bwino, chifukwa amene akuyankhula nanu si munthu wamba. Ine agogo anu, Bonifasi Mwale, ndine mtolankhani wa nkhondo woyamba amene dziko lino la kum'mawa linabala. Nkhondo yaikulu ija ndinaiona ndi maso angawa kuyambira tsiku limene inayamba mpaka tsiku limene inatha. Ndinaona sitima za pamadzi zikumira, ndege zikugwa ngati ngumbi zothothoka mapiko, mizinda ikuyaka ndi anthu ake omwe. Zonsezi ndinazionera pa nsalu yoyera yomangidwa ndi luzi m'shedi ya fodya ku Foti Jemisoni, kumene inu mukuti Chipata lero. Kutali kumene ndinafika pa nkhondo yonseyo ndi kuchipatala cha ku Mwami, ndipo kumenekonso ndinapitira dzino.

Iwe Tisa ukuseka. Seka. Inu mumakaunjikana kumsika kuonera vidiyo ya anthu omenyana mateche tsiku lonse, n'kutuluka maso ali psu, osakumbuka nkhope ndi imodzi yomwe. Ife chithunzi chikayenda pa nsalu chinkatsalira m'mutu. Mpaka lero ndikatsinzina masana pansi pa mango uyu ndimaona kuwala kuja kukudutsa pamwamba pa mitu ya anthu, fumbi la fodya likusambira m'kati mwake ngati tinsomba ta m'dambo.

Za sukulu ndinene mwachidule, poti nayonso inatha mwachidule. Ndinali chaka chachiwiri ku koleji ya uphunzitsi ya ku mishoni pamene ndinayambitsa nyuzipepala yanga, pepala limodzi lolemba pamanja, lokhoma ndi minga pa chitseko cha chipinda chodyera. Nkhani yaikulu inali ya anankafumbwe a m'nyemba zathu. Ndinawafunsa za umoyo wawo, iwo anayankha kuti akukhala bwino, kungoti ana a sukulu akuwadyera nyumba. Abambo oyang'anira koleji anaiwerenga yonse, kawiri. Tinasiyana mwamtendere. Iwo anati ndichoke, ine ndinagwirizana ndi maganizo awo.

Kusamuka kokha ndinakudziwa ndisanadziwe kulemba. Ndili wamng'ono mudzi wathu anauchotsa kuti pakhale munda wa fodya wa mzungu. Chimene ndimakumbuka si kulira ayi, koma chitseko. Atate anasenza chitseko cha nyumba yathu pamutu, ine ndikutsatira pambuyo ndi nkhuku m'khwapa, ndipo njira yonse ndinkakhulupirira kuti akangochiimika paliponse n'kuchitsegula, tilowa m'nyumba mwathu.

Nkhondo itayamba, boma linafuna munthu wodziwa Chingerezi amene sachita manyazi pagulu. Manyazi ndinali nditawaiwala ku koleji pamodzi ndi bulangete langa. Ananditenga kuti ndizilemba nkhani za kuno zopita ku nyuzipepala ya anthu akuda, ndiponso kuti ndizimasulira basikopo. Basikopo ndiye kanema wanu uyu, koma wathu ankabwera wosayankhula, ndiye pakamwa pake ndinali ine. Ndinkaima pambali pa nsalu ndi lipenga lachitsulo n'kumauza anthu zimene zikuchitika, ndipo pamene sindinkadziwa ndinkanena molimba kwambiri.

Bwana wanga, mzungu, tinkamutcha Kadzuwa, chifukwa asanakupatse moni ankayamba wayang'ana kumene kuli dzuwa. Ankaopa udzudzu kuposa Jeremani, n'chifukwa chake basikopo wathu tinkaonetsa masana, mazenera a shedi titatseka ndi masaka. Anali ndi kamera yopukusa ngati wotchi ya pakhoma. Ukaipukusa inkalira kuti trrr kwa nthawi yoti unene Atate Athu kamodzi mosathamanga, kenaka n'kuima. Chonse chimene ukufuna kuti dziko lione chinkayenera kulowa m'pemphero limodzilo. Kadzuwa anandiphunzitsa lamulo limodzi lokha, koma ankalinena tsiku lililonse: kuwala kugwe pankhope. Chipewa chivulidwe, nthambi idulidwe, munthu atembenuzidwe ngati mphika, bola kuwala kugwe pankhope.

Tinajambula zambiri. Tinajambula anyamata akukwera malole a usilikali, amayi awo ataima pa fumbi manja ali kumsana. Tinajambula azimayi achizungu othawa nkhondo ochokera ku Polandi, amene anawatsitsa konkuno ndi ana awo ndi timitolo ta nsanza. Anthu ankachokera kutali kudzaona mzungu wosauka, monga mmene amatulukira kudzaona kadamsana. Lamulungu ankagwada ndi korona m'manja ngati amayi athu omwe. Mmodzi wa iwo, wachikulire, anandifunsa ndi manja kumene kuli kumpoto. Ndinamulozera kuseri kwa mapiri, iye anaima n'kumayang'ana mapiriwo mpaka anzake anabwera kudzamutenga. Ndinalemba masamba anayi. Mkonzi wa nyuzipepala anasiya mizere iwiri, ndipo mwa iwiriyo umodzi unali dzina langa, lolakwika.

Koma ndakuitanirani za Nambewe.

Nkhondo itafika pakati kunabwera lamulo lakuti tijambule akazi ndi ana a asilikali athu amene anali ku Bama, zithunzizo azikawaonetsa kumeneko kuti mitima ikhale pansi. Kachitidwe kake kanali kotere: ndinkalemba dzina la msilikali ndi mudzi wake pa sileti ndi choko, sileti n'kuiimika patsogolo pa kamera, kenaka mkazi wake n'kuima pomwepo. Sabata yoti tipite kumidzi ya ku Madzimoyo, Kadzuwa anagwa ndi malungo. Udzudzu unamupeza masana omwewo. Anandipatsa kamera ali pa bedi, monga mmene mayi amaperekera khanda kwa munthu amene sakumukhulupirira.

"Bonifasi," anatero, mano akugwedezeka, "kuwala pankhope."

Ndinapita pa njinga, kamera nditaikulunga m'bulangete la boma. Akazi ambiri ndinawajambula akusinja, akusenza mitsuko, akuseka pakamwa atatseka ndi dzanja. Filimu itatsala ya sileti ndi pemphero limodzi ndinafika kwa Kamphasa, kumene kunali mkazi wa Andireya Sakala. Ankamutcha Nambewe, kapena amake Petulo. Petuloyo anali wa zaka ziwiri, ndipo bambo wake anamusiya akuyamwa.

Mudzi umenewu boma linali litangousamutsa chaka chomwecho, ati nthaka yakale yatopa ndi makwawa. Kumalo kwatsopanoko kunali misasa ya udzu, zitsa ndi utsi. Ndinayang'ana uku ndi uku osapeza poimika munthu.

"A kalaliki," anatero Nambewe atagwada chapatali, "kuno bambo ake a Petulo sakudziwako. Akaona misasa iyi sazindikira. Nyumba imene akuidziwa ili kubwinja. Anamanga okha asanapite."

Mtima wanga wa munthu wa koleji unadumpha. Ndinati tiyeni kubwinjako. Tinanyamuka atatu, ine ndi Nambewe ndi mlamu wake Rozina, mlongo wa Andireya, poti mkazi wa mwini sakanayenda yekha ndi mwamuna wa njinga. Petulo anali kumsana.

Inali nyengo ija mitengo ya mombo imaphuka masamba ofiira mvula isanagwe, pamene thengo lonse limaoneka ngati likukumbukira moto. Tinafika dzuwa litapendeka. Ana inu simunaonepo bwinja latsopano. Njira zonse zimakhala zilipo, yopita kuchitsime, yopita kwa anansi, koma palibe woyendamo. Madenga anali atagwera m'kati, nkhokwe zitagwada, mtondo wosweka uli gone pabwalo. Nyumba ya Andireya yokha inali chiimire, denga litatha mbali imodzi, khoma likuwala ngati uchi. Kunkamveka njiwa basi. Ndinaona kuti Mulungu wandikonzera malo.

Ndinajambula sileti. Petulo atamva kulira kwa kamera anayamba kukuwa ndi kuponya miyendo, nsalu ya amake n'kumasuka. Filimu inali yochepa. Ndinati mwanayo apite kwa azakhali ake, aime kumbali. Anapita. Nditaika diso pa kamera ndinaona kuti duku la Nambewe, limene anali atalitsitsa mpaka pa nsidze, laika mthunzi m'maso mwake.

"Amayi, vulani duku."

Anayang'ana Rozina. Rozina anayang'ana ine.

"A kalaliki, mutu wanga ndi wometa," anatero Nambewe. "M'misasa muja mwadzaza nsabwe, tonse tinameta."

"Kamera siona tsitsi, amayi. Imaona nkhope."

"Kodi ndi lamulo?" anafunsa Rozina, mwana akumukankha pachifuwa.

"Ndi lamulo la boma," ndinatero, ndipo ndinkakhulupirira.

Nambewe anavula duku, analipinda bwinobwino, n'kuligwira ndi manja awiri. Anaima pakhomo la nyumba ija maso ali pansi, monga mkazi waulemu aliyense pamaso pa mwamuna wachilendo. Kuwala kunagwa pankhope. Ndinanena Atate Athu mumtima, kamera inaima pa Amen. Ndikuuzeni zoona, ngakhale zili zoona zochititsa manyazi: pa zithunzi zonse zimene ndinajambula moyo wanga wonse, chokongola kuposa chimenecho palibe.

Filimu sinali ngati zanu zoti mwajambula mwaona. Inkapita kum'mwera kukatsukidwa. Kumeneko ankapanga ziwiri, ina n'kupita kwa asilikali, ina n'kubwerera kwa ife. Yathu inafika chimanga chili m'mawondo. Tinapita nayo ku Madzimoyo, tinabwereka shedi, tinatseka mazenera, anthu anadzaza mpaka pakhomo. Akazi ankadziona akusinja n'kumabisala kumbuyo kwa anzawo, amuna akuwanena kuti musi akuugwira ngati mlendo. Kenaka inabwera sileti ya Andireya Sakala, kenaka Nambewe. Ndinakweza lipenga, mawu akuluakulu nditawakonza kale. Ndisanatsegule pakamwa ndinamva kuti m'shedi monse mwangoti zii.

"Zimitsani."

Anali amake Andireya, mayi wamfupi wa mawu osakweza. Anthu anawapatukira.

"Iwe mwana wa sukulu, tabwera. Chimenechi chipita kwa mwana wanga?"

"Chinapita kale, amayi."

"Poti unaphunzira, tandiwerengera chimene waona."

"Ndaona mayi ataima pa nyumba yake, amayi. Kuwala kuli bwino."

"Ine sindinaphunzire. Ndaona mudzi wakufa. Ndaona mkazi wometa, duku lili m'manja, maso ali pansi, kumsana kulibe mwana. Kalata yomaliza imene aphunzitsi anatilembera inati Petulo akudwala chikuku. Tsono undiuze iweyo: Andireya akaona chimenechi amva kuti wamwalira ndani?"

Ine, mwana wa m'mudzi, amene ndinametedwapo mpala pa maliro a atate anga enieni. Zaka ziwiri zosakwana za koleji ndi lamulo limodzi la Kadzuwa zinali zitandichotsa m'mutu chimene mwana aliyense woweta mbuzi amadziwa.

"Munthu ali kuthengo kwa eni, mfuti ili m'manja," anapitiriza, "iwe wakamuuza kuti alibe chobwerera."

Nambewe anangomasula nsalu n'kumumanganso Petulo mothina, mpaka mwanayo anadandaula.

Ndinapalasa njinga kubwerera ku boma matope akundimenya kumsana. Kadzuwa anamvetsera, anayang'ana dzuwa, n'kunena kuti filimu ina kulibe, sitima zikumira nayo panjira, ndiponso kuti chithunzicho n'chabwino kwambiri. Zakumeta sanazimve, ngakhale ndinamufotokozera kawiri. Koma sanali munthu woipa. Anati ndikalemba kalata aiika m'thumba la makalata a asilikali ndi dzanja lake.

Ndinabwerera kwa Kamphasa ndi pepala. Ine amene ndinkalemba masamba anayi pa nkhani ya mbuzi yolowa m'khoti, tsiku limenelo ndinalemba mizere inayi. Petulo ali moyo, anachira. Tsitsi ndi nsabwe. Mudzi unasamuka, onse alipo. Wolakwa ndine, Bonifasi Mwale wa kamera. Nditawawerengera, amake Andireya anapukusa mutu.

"Munthu wonama ndi chithunzi, mawu ake akhulupirira bwanji?"

Anapala mwaye, anausakaniza ndi mafuta a nsatsi, anapaka kuphazi kwa Petulo n'kumupondetsa pa pepala. Phazilo linaphimba theka la dzina langa, ndipo palibe anadandaula.

Kenaka kudikira. Chimanga chinacha, tinakolola, mphepo ya mwera inabwera, inapita. Yankho osabwera. Masiku amenewo mayina a asilikali omwalira ankawakhoma pa khonde la boma, ndipo ine ndinkafika mthenga asanatsirize kukhoma. Sindinkayamba pamwamba ngati anthu ena, ndinkayamba pansi, kumene kumakhala a Sakala. Zithunzi za ku Bama zikabwera, za mvula yosatha ndi anthu akuoloka mitsinje katundu ali pamutu, ndinkaiwala lipenga n'kumafufuza nkhope, ngakhale nkhope ya Andireya sindinkaidziwa. Anthu anayamba kudandaula kuti basikopo wa masiku ano sayankhula. Ndinkalota nsalu yoyera yaikulu ngati dambo, munthu akuyenda m'kati mwake kupita kutali, ine ndikumuitana ndi lipenga lopanda mawu. Nambewe anabwera ku boma kawiri, wapansi. Sankandifunsa kanthu. Ankaima kutsidya kwa msewu, ine n'kupukusa mutu kuti dzina palibe, iye n'kubwerera.

Wina ampatse Tisa madzi, wasiya kuseka.

Nkhondo inatha. Malole anayamba kubweza anthu, ena onenepa, ena opanda mwendo, ena athunthu koma osayankhula. Tsiku lina masana ndikupukuta galasi la makina m'shedi yathu, kuwala kwa pakhomo kunatsekeka. Panaima munthu wamtali, wa nsapato za usilikali, mizere iwiri ya udindo pa mkono. Kumbuyo kwake kunali Nambewe, ndi kamnyamata kogwira chala cha munthuyo.

"Ndinu a Mwale a kamera?"

Ndinaganiza zokana. Koma kamera inali pa tebulo, ndipo Nambewe ankandidziwa.

"Ndine, bambo. Takulandirani."

Anakhala pa bokosi osaitanidwa, mwana anamuika pa bondo. Ankayankhula pang'onopang'ono ngati munthu wowerenga kalata ya mwini.

"Chithunzi chanu ndinachiona m'tenti, mvula ikugwa. Nditaona sileti anzanga anakuwa kuti Sakala, Sakala, kwanu uko. Kenaka anasiya kukuwa. Akuti ndinaimirira mpaka mthunzi wanga unatseka nsalu, ine sindikumbuka. Anyamata a kuno anandikhalira maliro, anandimeta ndi lezala, wansembe ananena Misa ya mwanayu." Anagwira mutu wa Petulo. "Miyezi itatu anali wakufa. Miyezi imeneyo akafuna munthu wotsogola m'thengo ndinkaimirira ndisanaitanidwe. Akuluakulu anati Sakala ndi wolimba mtima." Analoza pa mkono wake. "Mizere iyi ndi yanu, a Mwale."

Ndinati pepani. Pa mawu onse a Chinyanja ndi Chingerezi amene ndinali nawo, amene anatuluka ndi amenewo.

"Kalata itafika sindinawerenge mawu anu. Ndinayeza phazi ndi zala. Linali lalikulu kuposa limene ndinasiya. Kuyambira tsiku limenelo ndinasanduka wamantha weniweni, ndikamva tsamba ndinkagona pansi. N'chifukwa chake mukundiona."

Ndinadikira kuti tsopano aimirire andimenye, ndipo ndinali nditasankha kale mbali yogwera, kutali ndi makina a boma. Iye anangoyang'ana nsalu yopachikidwa kukhoma.

"Dzulo ndinapita kubwinja. Moto wa lupsa unadutsa, palibe ngakhale mzati. Chithunzi chija chikadalipo?"

Chinalipo. Ndinatseka mazenera ndi masaka, ndinaliza injini, ndinadumphitsa akazi osinja aja mpaka pa sileti. Nyumba inabwera pa nsalu, khoma likuwala, mayi ataima pakhomo ndi duku m'manja. Andireya anawerama kutsogolo.

"Mzati wa kumanzerewo ndi mlombwa," anatero. "Ndinakautenga kuphiri ndekha."

"Awo ndi amama," anatero Petulo. "Nanga ine ndili kuti?"

"Uli apo." Bambo wake analoza khoma la shedi, kunja kwa nsalu, pamene panalibe kanthu koma njerwa ndi mdima. "Uli kwa azakhali ako, ukulira."

Mwanayo anayang'ana njerwazo nthawi yaitali, chithunzi chinatha iye akuyang'anabe. Andireya anati ndibwereze. Ndinabwereza kanayi. Ndikukonza kachisanu, Nambewe anaimirira n'kukonza nsalu yake.

"Basi, bambo ake a Petulo. Kwathu n'kutali, ndipo nyumba ina ikudikira denga."

Atafika pakhomo anatembenuka, ndipo aka kanali koyamba kundiyang'ana m'maso.

"A kalaliki, apongozi anga akuti wolengeza maliro abodza amabwera yekha ndi nkhuku. Akuti Loweruka."

Loweruka ndinapita, nditavala tayi, nkhuku ili pa kaliyala wa njinga. Amake Andireya anaiyang'ana mbali zonse, anati ndi yokalamba ngati nzeru zanga, analamula kuti iphedwe. Petulo anadya chiwindi, ine anandipatsa khosi. Nkhukuyo ndinaigula pamsika wa Foti Jemisoni kwa mayi wina amene anayamba ndi sheleni, koma atamva kuti ndi ya mlandu anandimvera chisoni n'kudula pakati. Theka la sheleni tinkati susu, kandalama kasiliva kochepa ngati batani la malaya. Kupha mwana wa eni ndi kumuukitsa, ana inu, kunandidyera susu.